Ndani Angalipire Kuti Ayende Wapansi ku Kabudula?

Ku France kuli anthu amene amasunga ndalama chaka chonse kuti pa tchuthi akayende wapansi. Galimoto ali nazo, sitima zaliwiro ziliponso, koma amasiya zonsezo, kubereka chikwama, n'kumayenda makilomita 15 kapena 20 pa tsiku kuchoka mudzi uwu kupita mudzi uwo, ena ali ndi wowalondolera amene amamulipira. Mayi wa kwa Kabudula amene wayenda mtunda ngati womwewo ndi mwana wodwala kumbuyo akhoza kuseka atamva zimenezi, ndipo sangalakwe, pakuti kwathu kuno woyenda pansi ndi amene wasowa ya kabaza. Komabe ndalama za oyendawo n'zimene zimathandiza kuti sitolo, malo ogona ndi nyumba zophikira buledi zisatsekedwe m'midzi yambiri ya ku France imene achinyamata ake adathawira m'tauni. Midzi ya kumadzulo ndi kumpoto kwa Lilongwe ikhoza kudya nawo ndalama zamtunduwu, bola isayambe n'kudzifunsa ngati ili ndi malo okongola. Chimene ingagulitse ndi munthu wodziwa njira ndi nkhani zake.

Anzathuwo sadangodzuka n'kupeza alendo ali pakhomo. Mu 1947 anthu okonda kuyenda adakhazikitsa bungwe loika zizindikiro m'njira zazitali zotchedwa Grande Randonnée, ndipo mpaka lero anthu ongodzipereka ndiwo amayenda ndi chitini cha penti n'kumalemba timizere tiwiri, koyera pamwamba kofiira pansi, pa mitengo, pa miyala ndi pa makoma. Mu 1951 mudayamba dongosolo loti mlimi akonze chipinda kapena kanyumba kake n'kumagonekamo alendo, lomwe lidakula n'kukhala Gîtes de France. Mu 1982 Charles Ceyrac, meya wa kamudzi ka Collonges-la-Rouge, adayambitsa bungwe la midzi yokongola, lomwe pa nthawiyo linkalandira midzi ya anthu osaposa 2,000 yokhala ndi malo akale otetezedwa osachepera awiri. Chaka chotsatira boma lidaika lamulo loti dera lililonse lilembe njira zake zoyendamo pansi, ndipo njira yolembedwa ikagulitsidwa kapena kutsekedwa payenera kupezeka ina yolowa m'malo. Dera la Cévennes, lomwe Robert Louis Stevenson adadutsamo ndi bulu mu 1878, lidali la alimi osauka, miyala yokhayokha. Lero njira yakeyo ndi GR 70, ndipo alendo amabwereka abulu kuti atsate mapazi ake. Mapiri a kumeneko adalipo kuyambira kale. Adayamba kubweretsa ndalama za oyenda pansi pamene anthu adakonza njira, pogona ndi nkhani yoti mlendo ayendere.

Wina anena kuti kuno kulibe choona, ndipo pang'ono akunena zoona. Kuchoka ku Mpingu kudzera pa Msundwe mpaka ku Namitete, kapena kukhotera kumpoto cha ku Nsaru, Kabudula ndi Nambuma, dziko n'lathyathyathya, mitengo yambiri idatha, kulibe Sapitwa, kulibe nyanja. Amene akufuna chithunzi cha pa kalendala apite ku Mulanje. Koma woyenda pansi m'mwezi wa June, kunja kukuzizira, anthu atakolola, amaona zimene wa pa minibasi ya ku Mchinji saziona. Amatsika m'dambo momwe madimba a nzimbe, mpiru ndi tomato atchingidwa ndi mipanda ya udzu, amapatukira ngolo yodzaza chimanga, amapeza banja lili pamphasa likuswa mtedza. Akalowa m'chigafa amaona mikangala pomwe fodya wa bale adayanikidwa atasokedwa, ndipo pambali pali jeke yodindira mabelo opita ku okushoni ku Kanengo. Apo ndi apo, pakati pa minda yoyera, pamaoneka kankhalango ka mitengo yachilengedwe kobiriwira kokhakokha. Mlendo angaganize kuti ndi nkhalango ya boma, chonsecho ndi manda, ndipo mitengoyo idapulumuka chifukwa nkhwangwa silowamo popanda chilolezo cha mfumu. Mbiri nayo ilipo. Mishoni ya Nambuma idatsegulidwa ndi ansembe a White Fathers mu 1928, malo a kafukufuku wa zaulimi a Chitedze adayamba mu 1948, chipatala cha St Gabriel ku Namitete chidakhazikitsidwa mu 1959 ndi masisitere a Carmelite ochokera ku Luxembourg. Kukakhala kulibe fumbi, kummwera kumaoneka mapiri a Dzalanyama, komwe mtsinje wa Lilongwe umachokera, komwenso kuli Kaphirintiwa, thanthwe limene Achewa amati anthu oyamba ndi nyama adasiyapo mapazi. Zonsezi sizidzilankhulira zokha. Popanda wofotokoza, chigafa ndi chisakasa chabe, manda ndi tchire.

Apa ndiye pali kusiyana kwenikweni ndi ku France. Kumeneko wolondolera ndi wongowonjezera, munthu akhoza kutsata penti yekha mpaka kukafika. Kuno penti singauze mlendo tanthauzo la nthambi zamasamba zogonekedwa mopingasa pamsewu. Mwana wa m'deralo amadziwa kuti pamudzipo pagwa zovuta, wa njinga amatsika n'kuikankha, wa chipewa amavula, phokoso limatha mpaka atadutsa masamba a mbali inayo. Penti singamuuze kuti polowa m'mudzi ndi gulu amayamba waonekera kwa a mfumu kapena nyakwawa, kuti pakhomo pa munthu amaimira patali n'kunena odi, kuti gogo wokhala pakhonde samudutsa osamufunsa kuti mwaswera bwanji agogo, ndiponso kuti akakumana ndi chilombo chikuchokera kudambwe amapatuka, kamera n'kuibweza m'thumba. Akuluakulu adati safunsa adadya phula, ndipo phula lake nthawi zina limawawa kwambiri. Mu 2017 mphekesera za anamapopa zitabuka ku Mulanje, Phalombe ndi Thyolo, anthu angapo adaphedwa chifukwa chongokayikiridwa, ndipo bungwe la United Nations lidachotsa antchito ake m'maboma ena a kumeneko. Gulu la anthu achilendo loyenda m'tinjira ta kuseri kwa nyumba popanda wowadziwa likhoza kudzutsa mafunso kulikonse. Likakhala ndi mnyamata kapena mtsikana amene anthu amadziwa amayi ake ndi malume ake, mafunsowo amathera pa moni. N'chifukwa chake wolondolera sangachokere ku ofesi ya kampani ya m'tauni. Wa ku Nsaru ayendetse alendo m'dera lake, akafika kumalire awapereke m'manja mwa mnzake wa kwa Kabudula. Ku Mulanje olondolera alendo ndi onyamula katundu ali ndi bungwe lawo ndipo amapezeka pa Likhubula, umboni woti ntchitoyi Amalawi amaitha akaikonza bwino.

Nanga wolipira ndani? Tikadikira azungu otsika ndege ku Lumbadzi tidikira mpaka kalekale, chifukwa ambiri a iwo amathamangira kunyanja, ku Liwonde kapena ku South Luangwa, ngakhale kuti opita ku Zambia pamsewu amadutsa pa Namitete pomwepo. Msika weniweni uli pafupi. Kalembera wa 2018 adapeza anthu pafupifupi 990,000 mumzinda wa Lilongwe, ndipo pakati pawo pali kale magulu amene Loweruka amakakwera phiri la Nkhoma kapena la Bunda, ena amadzuka m'mamawa kuyenda m'misewu pofuna kuchepetsa thupi ndi kuthana ndi shuga kapena BP. Palinso ana obadwira ku Area 25 ndi ku Kawale amene amalemba mayeso a zaulimi asanaonepo nkhokwe ikumatidwa. Namitete ili pa mtunda wa makilomita pafupifupi 50 kuchokera mumzinda, kutanthauza kuti munthu akhoza kunyamuka m'mawa, kuyenda maola anayi, kudya nsima ya nkhuku yachikuda ndi nkhwani wotendera pakhomo pa munthu, kumwa thobwa, kugula mtedza ndi mbatata, n'kukagona kwawo. Ulendo wotere sufuna hotela kapena ngongole ya kubanki. Umafuna chimbudzi chaukhondo, madzi abwino akumwa, mphasa pamthunzi ndi mtengo wodziwikiratu. Zogoneka alendo zibwere pambuyo, anthu atazolowera. Ndalama zake si zoti zingalowe m'malo mwa fodya, ndipo aliyense wolonjeza zimenezo akunama, koma zimabwera m'miyezi ya May mpaka August pomwe ntchito yakumunda yachepa, ndipo zimagwera m'manja mwa wophika ndi wolondolera osadutsa kwa mavenda.

Chodandaula chachikulu, chomwe sitiyenera kuchipeputsa, n'chakuti maulendo otere amatha kusandutsa anthu chionetsero. Mlendo wokhuta kujambula mwana wovala sanza, kugawa maswiti, n'kukaika chithunzicho pa Facebook, si chitukuko chimenecho, n'chipongwe. Pa gule wamkulu ndiye pofunika kusamala kwambiri. UNESCO idaulemekeza mu 2005, koma eni ake ndi mafumu okhala ndi mzinda, ndipo umatuluka pa maliro, pa ziliza, pa chinamwali ndi polonga ufumu. Atsogoleri a Achewa akhala akudandaula kale ndi gule wovina m'misonkhano ya ndale ndi wopempha ndalama m'misewu. Kuwonjezerapo gule wochita kuitanitsa chifukwa kwabwera alendo olipira kungakhale kuthira mafuta pamoto. Yankho lake si kutseka mudzi, koma kuti malamulo aikidwe ndi mudziwo mlendo woyamba asanafike. Akapeza gule ali m'bwalo pa nthawi yake, ndipo eni mwambo avomera, aonere ali pomwe aonera ena onse, asupe monga asupira ena. Zakudambwe zikhale zakudambwe, ndipo wolondolera wolowa gule amadziwa yekha pomwe pakamwa pake payenera kulekezera. Malo a Kungoni ku Mua, omwe Bambo Claude Boucher adayambitsa mu 1976, adaonetsa kuti anthu amayenda mtunda wautali ndi kulipira kuti amve tanthauzo la mwambo. Za ndalama nazo zinenedwe poyera pabwalo, zingati za wolondolera, zingati za wophika, zingati za thumba la mudzi lokonzera mjigo, chifukwa zikangothera m'thumba la mfumu ndi abale ake, mudzi womwewo ndi umene udzayambe kutseka njira.

Njirazo zayamba kale kutsekeka pa chifukwa china. Cha ku Njewa, Chitedze ndi Mpingu anthu a m'tauni akugula malo, ndipo chinthu choyamba chimene wogula amamanga ndi mpanda wa njerwa kapena wa waya. Kanjira kachidule kopita kudambo, kusukulu kapena kuchigayo, komwe mibadwo yapondapo, kamathera pakhoma, ndipo amayi osenza ndowa amazungulira. Lamulo la malo a makolo la Customary Land Act la 2016 limalola mabanja kulembetsa malo awo, zomwe n'zabwino, koma kanjira kalibe mwini woti akakaimirire pa tsiku loyeza malire. Apa ndi pomwe lamulo la ku France la 1983 lija likutikhudza koposa nkhani ya alendo. Makomiti a malo m'midzi, magulupu, mafumu aakulu monga a Kalolo, a Kabudula ndi a Khongoni pamodzi ndi khonsolo ya boma la Lilongwe akhoza kulemba njira zoyendamo pansi pa mapu omwewo amene akulembapo minda, n'kugwirizana kuti wotseka njira yolembedwa atsegule ina. Ntchito yoyenda ndi oyeza malo n'kumawaloza kuti apa m'podutsa ngolo, apa m'popita kumanda, ingagwiridwe ndi achinyamata omwewo amene mawa angadzakhale olondolera alendo.