Diso Limaona Lisanapole: Kusamala Maso Pambuyo pa Opaleshoni ya Laser

Munthu amene wavala magalasi kwa zaka zambiri, akadzuka m'maŵa wina ndi kuŵerenga wotchi ya pakhoma popanda kupapasa magalasiwo pamutu pa bedi, chimwemwe chake chimakhala chachikulu. Izi ndizo zimachitikira ambiri mwa anthu ochitidwa opaleshoni yokonza maso ndi kuŵala kwa laser, makamaka ya mtundu wotchedwa LASIK. Pakangopita tsiku limodzi amaona bwino kotero kuti amayesa nkhani yonse yatha. Komatu ngozi yagona pomwepo. Kuona kumabwera m'maola oŵerengeka, pamene kupola kumatenga miyezi, ndipo m'nyengo imeneyi, diso likufuna chisamaliro chachikulu, ndi mmene mwini wake sachedwa kutayirira.

Malangizo a dokotala amamveka bwino kwa munthu amene akudziŵa chimene chachitika pa diso lake. Kutsogolo kwa diso kuli khungu loonekera ngati galasi, limene madokotala amalitcha cornea. Kuchindikala kwake pakati ndi theka la milimita kapena kupitirira pang'ono, komabe ndilo limagwira pafupifupi magawo aŵiri mwa atatu a ntchito yopinda kuŵala kuti chithunzi chikagwe pamalo pake kumbuyo kwa diso. Kupindika kwa cornea kukapanda kugwirizana ndi kutalika kwa diso, munthu amaona mwachimbuuzi. Ntchito ya laser ndi kupala khungu limeneli mpaka lipindike moyenera, ndipo kung'anima kumodzi kumachotsa kachidutswa kosakwana gawo limodzi mwa magawo 1,000 a milimita.

Luso limeneli si lakale kwenikweni. Mu 1981 akatswiri atatu a kampani ya IBM ku America, Rangaswamy Srinivasan, Samuel Blum ndi James Wynne, adapeza kuti laser ya mtundu wa excimer imadula mnofu popanda kuwotcha malo oyandikana nawo, ndipo adayesa zimenezi pa zotsala za nkhukundembo ya paphwando. Mu 1988 Dr Marguerite McDonald adachita opaleshoni yotchedwa PRK pa diso la munthu wopenya ku New Orleans, ndipo posakhalitsa Ioannis Pallikaris wa ku chilumba cha Crete adayambitsa LASIK. Boma la America lidavomereza PRK mu 1995, LASIK mu 1999, ndi njira yachitatu yotchedwa SMILE mu 2016.

Kusiyana kwa njira zimenezi ndiko kumalamula kasamalidwe kake. Pa PRK dokotala amachotsa kakhungu kopyapyala ka pamwamba pa cornea, napala ndi laser pamalo poyerapo, kenaka amaphimba diso ndi kagalasi kofeŵa kamene kamakhala ngati bandeji. Kakhungu kaja kamameranso m'masiku anayi kapena asanu, nthaŵi zina mpaka sabata, ndipo masiku aŵiri kapena atatu oyamba amakhala oŵaŵa ndithu. Wodwala wa PRK sanyengeka msanga, pakuti ululu ndi chimbuuzi zimamkumbutsa kuti ali ndi chilonda. Pa SMILE amatulutsa kachidutswa ka m'kati mwa cornea kudzera pa kachiboo kakang'ono. Koma pa LASIK dokotala amadula kachivindikiro kopyapyala, nakatembenuzira pambali monga tsamba la buku, napala pansi pake, ndi kukabwezera pamalo pake. Sasoka ngakhale pamodzi.

Nanga ngati palibe ulusi, chimagwira kachivindikiroko nchiyani? M'maola oyamba kamamatira chifukwa chakuti maselo a kuseri kwa cornea amayamwa madzi kosalekeza, monga mmene pepala lonyowa limamatirira pa galasi. Pakapita tsiku limodzi kapena aŵiri, kakhungu ka pamwamba kamatseka m'mphepete. M'miyezi yotsatira m'mphepetemo mumalimba ndi kachipsera, koma pakati sipabwereranso ku mphamvu yake yakale. Umboni wake ndi wakuti dokotala amatha kutukulanso kachivindikiro komweko patapita zaka ngati pafunika kukonzanso. Nchifukwa chake lamulo loposa onse ndi lakuti wodwala asatikite m'maso. Chala chimodzi chotikita mwamphamvu pa tsiku loyamba chingasunthe kachivindikiro kapena kukachititsa makwinya, ndipo munthu amene amaona bwino m'maŵa angabwerere pa tebulo la opaleshoni madzulo.

Chovuta nchakuti nthaŵi imene kutikita kuli koopsa koposa ndiyonso nthaŵi imene diso limayabwa koposa. Mankhwala ochititsa dzanzi akatha mphamvu, diso limatentha, limatuluka misozi, ndipo limamveka ngati mwaloŵa mchenga. Pa LASIK zimenezi kaŵirikaŵiri zimachepa pakapita maola anayi mpaka asanu ndi limodzi, ndipo chanzeru ndicho kupita kunyumba, kutseka maso ndi kugona. Munthu ali maso angathe kudziletsa, koma dzanja la munthu wogona silidziŵa malangizo a dokotala. Motero wodwala amapatsidwa zotchingira maso za pulasitiki zoti azimata usiku uliwonse kwa sabata kapena monga mmene dokotala wanenera. Ambiri amazivula usiku wachiŵiri chifukwa zimawasoŵetsa mtendere, ndipo kumeneko ndi kulakwa. Mayi kapena bambo wa mwana wakhanda asamalenso, pakuti kachala ka mwana wonyamulidwa kamafika m'diso mofulumira kuposa kuphethira.

M'maola 24 mpaka 48 oyamba wodwala ayenera kuonananso ndi dokotala, ngakhale akuona bwino chotani. Pali zovuta zimene mwini diso sazimva poyamba koma dokotala amaziona ndi makina ake. Chimodzi ndi kutupa kwa pansi pa kachivindikiro, kumene kumaoneka ngati timchenga toyera tomwazika, kotero kuti madokotala adakupatsa dzina loti mchenga wa ku Sahara. Kukapezeka msanga kumatha ndi mankhwala odontheza, koma kukachedwa kungasiye chipsera.

Mankhwala odontheza m'maso amakhala a mitundu itatu: opha tizilombo, ochepetsa kutupa, ndi misozi ya m'botolo yonyoŵetsa diso. Kudontheza kwake kuli ndi mwambo wake. Munthu asambe m'manja ndi sopo, akokere pansi chikope cham'munsi, adontheze dontho limodzi popanda kukhudzitsa kamwa la botolo ku diso kapena ku nsidze, ndipo adikire mphindi zisanu asanadontheze mtundu wina, kuopa kuti wachiŵiri angatsuke woyamba. Botolo ndi la munthu mmodzi, losabwereketsa. Mankhwala ochepetsa kutupa aja, a m'gulu la steroid, ndi ofunika kuwalemekeza. Wodwala wa PRK angawagwiritse ntchito kwa masabata ambiri kuti cornea isachite chifunga, ndipo kuwasiya msanga kungabweretse chifungacho. Komanso kuwapitiriza mwa nzeru za yekha, pongogula botolo lina ku sitolo ya mankhwala, kungakweze mphamvu ya madzi a m'kati mwa diso mwakachetechete ndi kuwononga mtsempha wa maso popanda ululu uliwonse.

Madzi nawo ndi mdani wobisika. Amene ali abwino kumwa sali abwino kuloŵa m'diso la chilonda, pakuti ngakhale a pampopi angakhale ndi tizilombo monga Acanthamoeba, timene tikaloŵa mu cornea timavuta kwambiri kuchiza. M'sabata yoyamba munthu asambe atatsinzina, apukute nkhope mozungulira maso, ndipo potsuka tsitsi apendeketsere mutu kumbuyo. Bungwe la boma la America loona za mankhwala, la FDA, limalangiza kupeŵa kusambira kwa mwezi umodzi kapena iŵiri, kupeŵa zodzola za m'maso mpaka masabata aŵiri, ndi kupeŵa maseŵera ogundana monga nkhonya kwa masabata osachepera anayi. Za kusambira m'nyanja kapena mumtsinje nzosachita kunena.

Malangizo ambiri olembedwa pa timapepala ta zipatala sanena za fumbi la mwezi wa October, utsi wa nkhuni ndi wa makala, kapena mphepo yomenya nkhope ya munthu wokwera njinga yamoto. Zonsezi zimaumitsa diso ndi kuliyabwitsa, ndipo kuyabwa kumaitana chala. M'masabata oyamba nkwabwino kusiyira ena ntchito yosesa pabwalo ndi yosonkha moto, ndi kuvala magalasi akuda otchinga mpaka m'mbali potuluka panja. Kwa wodwala wa PRK magalasi akudawo si okongoletsa, pakuti kuŵala kwamphamvu kwa dzuŵa kumawonjezera ngozi ya chifunga chija kwa miyezi ingapo. Chitsotso chikagwa m'diso, chizoloŵezi chopempha mnzako kuti auziremo, kapena kuchichotsa ndi nsonga ya mpango, chilekeke. Misozi ya m'botolo ndiyo itsuke, ndipo chikakana kutuluka achotse ndi dokotala. Achibale achifundo adzabwera ndi nzeru zawo: madzi a masamba, madzi a mchere, mkaka wa m'maŵere. Athokozedwe mwaulemu, koma kanthu kotere kasadonthezedwe. Zoterezi zawononga maso ambiri amene sadadulidwe nkomwe.

Vuto limene limakhalitsa koposa ndi kuuma kwa maso. Cornea ili ndi timitsempha tambiri totumiza uthenga, ndipo ndito timadziŵitsa thupi kuti diso lauma, pafunika misozi ndi kuphethira. Opaleshoni imadula ena mwa timitsempha timeneti, makamaka LASIK, kotero kuti kwa kanthaŵi diso limauma osapempha misozi mokwanira. Timitsemphato timameranso pang'onopang'ono. Kwa ambiri kuumako kumachepa m'miyezi itatu mpaka isanu ndi umodzi, kwa ena kumafika chaka, ndipo alipo oŵerengeka amene sikuwathera. Misozi ya m'botolo, makamaka yopanda mankhwala osungitsa, idonthezedwe pa nthaŵi yake popanda kudikira kuti diso lidandaule, popeza diso lodulidwa timitsempha silidandaula msanga. Woyang'ana pa kompyuta kapena pa foni amaphethira mochepa kwambiri osadziŵa. Wotere azipumitsa maso mphindi 20 zilizonse, ndi kuyang'ana patali kwa masekondi 20.

M'miyezi yomweyi kaonedwe kamasinthasintha. Lero kuli bwino, maŵa madzulo kuli mbuu, ndipo usiku nyali za magalimoto zimaoneka zozunguliridwa ndi nkhata ya kuŵala. Izi nzachizoloŵezi ndipo kwa ambiri zimachepa, koma munthu asayendetse galimoto dokotala asanamlole, makamaka usiku. Chosiyanitsa zachizoloŵezi ndi zoopsa ndi njira imene zinthu zikuloŵera. Ululu uyenera kumacheperachepera, kuona kuyenera kumankabe bwino. Ululu ukamakula, kuona kukatsika mwadzidzidzi, diso likafiira kwambiri, likatuluka mafinya, likalephera kupirira kuŵala, kapena pakaoneka kadontho koyera pa cornea, munthu apite kwa dokotala wa maso tsiku lomwelo, ngakhale likhale Lamulungu. Chimodzimodzinso diso likagundidwa. Matenda a tizilombo pambuyo pa opaleshoni imeneyi sachitikachitika, koma akachitika amathamanga.

Amene amapita kunja, monga ku South Africa kapena ku India, kukachitidwa opaleshoniyi ali ndi vuto lina lowonjezera: dokotala amene adagwira ntchitoyo amatsala kutali. Nkosayenera kugula tikiti yobwerera ya tsiku lotsatira. Munthu adikire mpaka dokotala atamuona ndi kumlola, ndipo wa PRK adikire mpaka kagalasi ka bandeji katachotsedwa. Asananyamuke ulendo wonsewo akhale atapangana kale ndi dokotala wa maso wa kwawo amene adzapitirize kumuona. M'ndege mpweya ndi wouma, choncho misozi ya m'botolo ikhale m'thumba la m'manja.

Pobwerera atengenso zikalata zonse zosonyeza miyeso ya maso ake opaleshoni isanachitike ndi itachitika, nazisunge bwino. Laser imakonza cornea yokha. Siletsa kufunika kwa magalasi oŵerengera munthu akapitirira zaka 40, siletsa ng'ala ya ukalamba, ndipo amene adali wosaona patali kwambiri amakhalabe pa ngozi ya kumatuka kwa retina, kotero ayenera kumapimidwabe. Tsiku limene ng'ala idzafunike kuchotsedwa, dokotala adzafuna kudziŵa kuti cornea idapalidwa ndi kuti idali yotani kale, kuti asankhe bwino kagalasi koika m'diso. Ndiponso cornea yopalidwa imanamiza makina oyeza mphamvu ya madzi a m'diso, naonetsa chiŵerengero chotsika kuposa chenicheni. Motero dokotala aliyense wopima maso amenewo, ngakhale patapita zaka 30, ayenera kuuzidwa za opaleshoniyo asanayambe kuyeza.