DUELO: MMENE AZUNGU AKALE ANKAMENYERA ULEMU WAO

Abale ndi alongo otsogolera makalasi a kuwerenga ndi kulemba, nkhani ya ulendo uno ikucokera ku Ulaya. Ndi nkhani ya mwambo umene pa Cipwitikizi amati duelo, ndiye kuti ndewu ya anthu awiri yocita kupangana tsiku, malo ndi zida.

Mwambowu unayamba ngati njira yoweruzira milandu. Umboni ukasowa, oweruza ankalola eni mlandu kumenyana, pokhulupirira kuti Mulungu apambanitsa wosalakwa. Maganizo ake ngofanana ndi a mwabvi umene makolo athu ankamwetsa munthu womuganizira ufiti. M'caka ca 1215, msonkhano wa mabishopu ku Roma unaletsa ansembe kudalitsa mayesero otere. Ndewu inacoka m'bwalo la milandu, koma siinathe ai. Anthu apamwamba anaitenga kukhala njira yotetezera dzina lao.

Zinkayenda motere. Munthu akanyozedwa pagulu, mwina kuchulidwa wabodza kapena wamantha, sankapita yekha kwa mnzakeyo. Ankatuma omuimira, amene Apwitikizi amati padrinhos. Nchito yao yoyamba inali yonga ya ankhoswe: kuyesa kuti wolakwa apepese. Zikakanika, ankagwirizana zida, lupanga kapena mfuti, ndi kuitana dotolo. Kawirikawiri ankakumana m'mamawa kumalo kobisika. Colinga ceniceni sicinali kupha, koma kuonetsa kuti suopa imfa. Nthawi zambiri magazi akangotuluka, ndewu inkathera pompo. Koma wokana kumenyana anzake ankamusala. Anthu wamba analibe nao mwambowu. Unali wa mabwana, akuluakulu a asilikali ndi ophunzira.

Tsono tamvani zimene zinacitika ku Portugal. Kunali mkulu wina wolemba ndakatulo, António Feliciano de Castilho, amene anacita khungu ali mwana. Ameneyu ndi mnzathu pa nchito, pakuti anakonza njira yake yophunzitsira anthu kuwerenga. M'caka ca 1865, ali ndi zaka 65, anadzudzula kalembedwe ka anyamata a ku Coimbra. Mmodzi wa iwo, Antero de Quental, wa zaka 23, anamuyankha mwaukali m'kabuku kochedwa Bom Senso e Bom Gosto. Mlembi wina wa ku Porto, Ramalho Ortigão, analowererapo nalemba kuti kunyoza nkhalamba yosaona ndi mantha. Liu lakuti mantha ndilo linautsa moto. Mu Fevereiro 1866 awiriwa anakumana ku Porto ndi malupanga, ndipo Ramalho anabvulala pa mkono.

Kodi balalo linatsimikiza kuti wolemba bwino ndani? Iai. Mkangano unali wa mabuku, ndipo lupanga silidziwa kuwerenga. Pambuyo pake awiriwa anadzakhala mabwenzi, mpaka kujambulitsa pamodzi mu 1884. Ena sanacite mwai wotere. Ku Russia, mlakatuli wamkulu Alexander Pushkin, amene agogo a mai ake anali munthu wa ku Africa, anaomberedwa pa duelo mu 1837 namwalira ali ndi zaka 37, kusiya mkazi ndi ana anai.

Mpingo ndi boma zinalimbana nao mwambowu zaka mazana. Mu 1563 msonkhano wa ku Trento unalamula kuti omenyana pamodzi ndi owaimira acotsedwe mu Mpingo, ndipo wofera pa ndewuyo asaikidwe mwa Cikristu. Ku France, mu 1627, bwana wina wochuka, Montmorency-Bouteville, anadulidwa mutu cifukwa comenya duelo poyera mu mzinda wa Paris lamulo litaletsa. Komabe mu 1891 Papa Leo XIII anali kulembabe kalata yodzudzula mcitidwewu. Malamulo okha analephera, cifukwa munthu ankaopa kusekedwa ndi anzake kuposa ndende. Unazilala pamene anthu anasiya kutama omenyana, nayamba kutengera matonzo ku bwalo la milandu.

Apa ndiye pali phunziro la m'kalasi mwanu. Cimene cinkapha anthu sicinali mkwiyo wokha, koma manyazi pamaso pa gulu. Inu mukudziwa kuti bambo wamkulu akasekedwa cifukwa colephera kulemba dzina lake pa bolodi, mawa sabweranso. Musamukonze pamaso pa ana ake. Muyandikireni pa yekha. Ndipo kumbukirani kuti mau olembedwa amakhalitsa kuposa olankhula: amene tikumuphunzitsa kugwira colembera timuphunzitsenso kusamala dzina la mnzake. Akulu anati nkhondo simanga mudzi.

Mafunso okambirana ndi ophunzira:
1. M'mudzi mwanu, munthu akanyozedwa pagulu amathamangira kwa yani?
2. Kodi nkhoswe wabwino amatani kuti wopepesa asacite manyazi?
3. Lembani ziganizo zitatu zopepesa mnzanu amene mwamulakwira.