Ulendo wa masiku 6 womwe udatchukitsa kakoleji ka Sewanee

Pa 9 Novembala 1899, timu ya kakoleji ka Sewanee ku America idalowa m'bwalo mumzinda wa Austin kukakumana ndi yunivesite ya Texas. Pofika pa 14 Novembala, anyamata omwewo adali atasewera masewero asanu m'mizinda isanu ndi kupambana onse, popanda timu ndi imodzi yomwe yopezako pointi. Ambiri akamakamba za ulendowu amatama mphamvu za osewera, koma chomwe chidawakweza sitima chidali kusowa kwa ndalama.

Mpira womwe ankasewera si wamiyendo uja wodziwika kuno, koma wa ku America, womwe udachokera ku rugby. Mpirawo ndi wobulungira motalika ngati dzira, ndipo wosewera amathamanga nawo m'manja pomwe adani akuyesetsa kumugwetsa. Pa nthawiyo, kufikitsa mpira kuseri kwa mzere wa adani kunkabweretsa mapointi 5.

Dzina lenileni la kolejiyi ndi University of the South. Ndi sukulu ya mpingo wa Episcopal, womwe ndi nthambi ya Anglican ku America, ndipo ili pamwamba pa phiri m'chigawo cha Tennessee. M'chaka cha 1899 idali ndi ophunzira ongopitirira pang'ono 300. Kumudzi kwakung'ono ngati kumeneko kudalibe chinamtindi cha anthu olipira pakhomo, choncho thumba la timu linkadalira masewero a m'mizinda, makamaka omwe inkasewera chaka ndi chaka ndi yunivesite ya Vanderbilt ku Nashville.

Chaka chimenecho sukulu ziwirizi zidalephera kumvana za kagawidwe ka ndalama zapakhomo, ndipo masewerowo adalephereka. Wophunzira yemwe ankayendetsa zochitika za timuyi, Luke Lea, adayenera kupeza njira ina. Popeza mtengo wa sitima yopita ku Texas udali wokwera, ulendo wa masewero amodzi sukadabweza ndalama. Iye adangosanjikiza masewero asanu pa ulendo umodzi wa makilomita pafupifupi 4,000, kuti timu izitolera kangachepe paliponse pomwe yaima.

Adanyamuka osewera 18 pamodzi ndi mphunzitsi wawo Billy Suter, ndipo adatenga migolo ya madzi a pakasupe wa kwawo poopa kudwala ndi madzi achilendo. Lachinayi adagonjetsa Texas 12-0. Usiku womwewo adakwera sitima, ndipo Lachisanu adathana ndi Texas A&M 10-0 ku Houston. Loweruka adali ku New Orleans komwe Tulane idagonja 23-0. Lamulungu adapuma. Lolemba adaswa Louisiana State 34-0 ku Baton Rouge, ndipo Lachiwiri adamaliza ndi Mississippi 12-0 ku Memphis. Onse pamodzi adapeza mapointi 91, adani awo osapeza kanthu.

Kuti munthu amvetse kulemera kwa ulendowu, ayenera kudziwa malamulo a nthawiyo. Kuponyera mnzako mpira kutsogolo kudali koletsedwa, motero timu inkasunthira kutsogolo pogundana thupi ndi thupi, anthu ataunjikana malo amodzi. Osewera omwewo ndiwo ankaukira komanso kutchinga, kuyambira poyamba mpaka pomaliza. Wosewera akatuluka m'bwalo sankaloledwa kubwereranso, choncho ambiri ankapirira ululu m'malo motuluka. Zovala zodzitetezera zidali zochepa, ndipo ambiri ankasewera mutu uli pamtunda. Mtsogoleri wa osewera, Henry Seibels, ndi anzake ankagona m'sitima matupi ali zilonda, n'kudzuka kukagundananso mawa lake.

Pali munthu wina yemwe mbiri idachedwa kumutchula. Cal Burrows, bambo wachikuda, adayenda ndi timuyi ndipo ntchito yake idali yothowa ndi kusisita minofu ya osewera usiku m'sitima kuti athe kuimanso m'bwalo. Iyi idali nthawi ya tsankho lokhwima kummwera kwa America, pomwe munthu wakuda sakadaloledwa kuphunzira pakolejiyo kapena kuvala yunifomu ya timu yomwe ankaisamalira.

Malamulo omwewo ndiwo adapatsanso mwayi sukulu yaing'ono. Popeza timu inkangofunika anyamata 11 olimba ndi ena ochepa apadera, kuchuluka kwa ophunzira sikudali kanthu kwenikweni. Sewanee idamaliza chakacho itapambana masewero onse 12, itapeza mapointi 322 n'kupereka 10 okha. Mapointi 10 amenewo adapita ku timu imodzi, Auburn, yomwe idagonja 11-10. Mphunzitsi wa Auburn adali John Heisman, yemwe dzina lake lili pa chikho chomwe amalandira wosewera wopambana onse m'makoleji a ku America chaka chilichonse.

Zinthu sizidakhalitse choncho. Imfa ndi kuvulala kwa osewera zidachititsa kuti mu 1905 mtsogoleri wa dzikolo, Theodore Roosevelt, aitanitse akuluakulu a mpira a ku Harvard, Yale ndi Princeton, ndipo mu 1906 malamulo adasintha, kuponyera mpira kutsogolo n'kuloledwa. M'zaka zotsatira mayunivesite akuluakulu adamanga mabwalo a anthu zikwizikwi, ndipo ndalama zapakhomo zidawapatsa mphamvu yokopa osewera aluso ndi kulemba aphunzitsi odula. Kakoleji ka paphiri sikakadatha kupikisana nawo.

Mu 1932 Sewanee idali m'gulu la sukulu 13 zomwe zidakhazikitsa ligi ya Southeastern Conference. Idasewera masewero 37 a muligiyi osapambanako ndi amodzi omwe, ndipo mu 1940 idatuluka. Lero imasewera m'gawo la Division III, momwe sukulu sizilipirira wophunzira fizi chifukwa cha masewero, pomwe Texas, Texas A&M, Louisiana State, Mississippi ndi Auburn zili mu Southeastern Conference, imodzi mwa maligi olemera kwambiri pa mpira wa m'makoleji.

Luke Lea adadzakhala seneta wa Tennessee mu 1911. Nzeru yake ya 1899 idasiyira Sewanee mbiri yomwe palibe timu ingayesenso kuibwereza, chifukwa masiku ano matimu a m'makoleji amasewera kamodzi pa sabata. Koma ndalama zapakhomo zomwe adazilondola mpaka ku Texas ndi zomwezo zidadzachotsa kolejiyo pakati pa zimphona patatha zaka 41.