Phindu la kabaza limabisa kutha kwa njinga

Wakabaza wa pa Nchalo kapena pa Bangula akamawerengera phindu madzulo amachotsa ya mafuta, ya nkhomaliro ndi ya makaniko. Imene imaiwalika ndi ya kutha kwa njingayo. Ndalamayi imaoneka ngati phindu, imadyedwa, mpaka tsiku lomwe injini yafa koma yogulira ina palibe.

Masamu ake ndi osavuta. Mwachitsanzo, njinga yamoto yagulidwa K3 miliyoni, ndipo mwini wake akuona kuti patatha zaka zinayi adzaigulitsa K600,000. Yomwe idzathe ndi K2.4 miliyoni. Kugawa ndi miyezi 48, ikukwana K50,000 pamwezi. Imeneyi si ya ndiwo, ndi yosunga padera, kaya kubanki nkhonde kaya pafoni.

Koma zaka zinayi n'za woyenda pa tala wa M1. Wa ku East Bank, pamsewu wa Thabwa–Fatima, fumbi ndi matope zimakalambitsa njinga msanga. Iyeyo akawerengera zaka zitatu, yosunga imafika pafupifupi K67,000 pamwezi.

Msampha wina ndi kwacha. Mu Novembala 2023 inachepetsedwa mphamvu ndi 44 peresenti, ndipo katundu wochokera kunja anakwera mtengo. Amene ankasunga potengera mtengo umene anagulira anapeza kuti ndalama zaperewera. N'chifukwa chake masamuwa ayenera kubwerezedwa chaka chilichonse, potengera mtengo wa njinga yatsopano lero.

Wogulitsa madzi ozizira pa Dyeratu awerengerenso filiji yake chimodzimodzi.