Jamie Uys: mphunzitsi wa ku Boksburg amene anaseketsa dziko ndi botolo

BOKSBURG — Aliyense amene anakhalako pa benchi m'nyumba zoonetsera mavidiyo ku Ndirande, ku Chipata kapena ku Mbare amaidziwa filimu ya The Gods Must Be Crazy, ya mlenje wa m'chipululu cha Kalahari amene anatola botolo la Coca-Cola litagwa kuchokera m'ndege. Amene amadziwa dzina la mwini filimuyo ndi ochepa.

Iwo anali a Jamie Uys, amene anabadwa pa 30 May 1921 m'tauni ya migodi ya golide ya Boksburg, yomwe kuyambira m'chaka cha 2000 ili pansi pa khonsolo ya Ekurhuleni. Anayamba ntchito ngati mphunzitsi wa masamu komweko, kenaka anakakhala kumidzi ya kumpoto kwa dzikolo kumene ankachita ulimi ndi malonda. Filimu yawo yoyamba, Daar Doer in die Bosveld, ya m'Chiafrikaans, inatuluka mu 1951.

Kuti munthu amvetse ntchito ya a Uys, ayenera kuyambira pa filimu ya zanyama ya mu 1974, Animals Are Beautiful People, imene inapambana mphoto ya Golden Globe ku America. M'menemo mumamveka mawu a wofotokozera, Paddy O'Byrne, olankhula modekha ngati mphunzitsi, pamene nyama zikuchita zoseketsa. Chigawo chotchuka ndi cha njovu ndi anyani akudzandira ataledzera ndi zipatso za mfula. Akatswiri a zanyama akhala akukayika ngati zimenezi zinachitika mwachilengedwe, popeza njovu ingafunike zipatso zosawerengeka kuti iledzere.

Luso lomwelo, la kuveka nthano chovala cha zoona, analitengera pa anthu mu 1980. The Gods Must Be Crazy imayamba ndi mawu a O'Byrne yemweyo, akufotokoza kuti anthu a mtundu wa San sadziwa ndalama, umbanda kapena mkangano, ndipo sanaonepo mzungu. Oonerera ambiri kunja anakhulupirira. Komatu anthu a Ju/'hoansi a ku Tsumkwe, m'dziko la Namibia, kumene kunachokera wosewera wamkulu N!xau, panthawiyo anali atapanikizidwa pa kadera kochepa, akudalira chakudya chogawidwa ndi boma, chifuwa chachikulu chikuwasautsa, ndipo asilikali a South Africa ankalemba anyamata awo ntchito pa nkhondo yolimbana ndi SWAPO. Umboni ulipo: filimu ya John Marshall ya chaka chomwecho, N!ai, the Story of a !Kung Woman, imaonetsa moyo umenewu, ndipo imaonetsanso gulu la a Uys likubwereza kujambula chigawo china mpaka chitawakomera.

Pofuna kuzemba chiletso chimene maiko anaika pa zinthu za boma la tsankho, filimuyo inalengezedwa kunja ngati ya ku Botswana. Inatchuka ku America kuyambira mu 1984, ndipo ngakhale magulu odana ndi tsankho anaidzudzula, inapindula madola mamiliyoni ambirimbiri. Malipoti ambiri amati N!xau poyamba analandira madola 300 okha. A Uys ankayankha kuti anapitiriza kumuthandiza pambuyo pake, ndipo pa gawo lachiwiri la mu 1989 malipirowo anakwera kwambiri.

Kunena zoona, a Uys ankaidziwa ntchito yawo. Ankalemba okha nkhani, kutsogolera kujambula ndi kulumikiza zithunzi, ndipo nthabwala zawo n'zomveka ngakhale kwa munthu wosadziwa Chingerezi, n'chifukwa chake zinafika mpaka m'misika ya kumudzi kwathu. Chimene chimavuta ndi mawu odekha aja, amene anachititsa kuti dziko lidziwe a San a m'maganizo mwa a Uys m'malo mwa a San a ku Tsumkwe.

A Uys anamwalira ndi nthenda ya mtima ku Johannesburg pa 29 January 1996. N!xau, amene anaseweranso m'mafilimu a ku Hong Kong, anabwerera kwawo kukaweta ng'ombe ndi kulima, ndipo anamwalira pafupi ndi Tsumkwe mu July 2003.