Milungu ya mvula ndi chonde: kuchokera ku Chembe kukafika ku Babulo

Pamsewu wochokera ku Monkey Bay kupita ku Chembe, m'dera la Mfumu Yaikulu Nankumba m'boma la Mangochi, pali chimwala chomwe nkhope yake ili ndi mizere ngati munthu wotemedwa mphini. N'chifukwa chake chimatchedwa Mwala wa Mphini.

Akatswiri a za miyala amati mizereyo idadza kaamba ka dzuwa, mvula ndi mphepo zomwe zakhala zikudya mwalawo kwa zaka zankhaninkhani. Koma kwa anthu ambiri mwalawu ngwamizimu, ndipo asing'anga ena akhala akugumulako tizidutswa kukasakaniza ndi mankhwala. Boma lidauika m'gulu la zinthu zakale zotetezedwa ndi lamulo.

Mwalawu ukutikumbutsa kuti amishonale a Livingstonia asadafike ku Cape Maclear m'chaka cha 1875, anthu a kunyanja kuno adali kale ndi chipembedzo chawo. Chomwe ankapempha kwambiri chidali mvula, chakudya ndi ana. Zinthu zitatu zomwezi ndi zimene ankapemphanso Asumeri ndi Ababulo, eni mizinda yoyambirira padziko lapansi.

Dziko la pakati pa mitsinje iwiri

Asumeri ankakhala kummwera kwa dziko lomwe lero ndi Iraq, pakati pa mitsinje ya Tigris ndi Euphrates. Owerenga Baibulo dera limeneli akulidziwa, pakuti mzinda wa Ur, kwawo kwa Abrahamu, udali komweko.

Kuderali mvula imagwa yochepa kwambiri moti mlimi woyembekeza mitambo sangakolole kanthu. Anthu adayenera kukumba ngalande zopatutsa madzi a m'mitsinje kupita kuminda ya barele, tirigu ndi kanjedza. Ntchito yotere siyatheka ndi banja limodzi. Pankafunika wolamula, wogawa madzi ndi wosunga zokolola. Udindo waukulu udagwera akachisi, omwe adali ndi minda, ziweto ndi nkhokwe zawozawo.

Ndi m'kuwerengera katundu woteroyo momwe mudabadwira luso lolemba. Mumzinda wa Uruk, cha m'ma 3200 Yesu asadabadwe, alembi adayamba kudinda zizindikiro pa timapale tadongo. Zambiri mwa zolemba zoyambazo si ndakatulo ayi, koma kaundula wa mbewu, nkhosa ndi mowa. Patapita zaka zoposa 1,400, mfumu Hammurabi ya ku Babulo idaika lamulo loti mlimi wonyalanyaza khoma la ngalande yake, madzi n'kuononga minda ya anzake, abweze mbewu zoonongekazo.

Mulungu wamkazi wamkulu wa ku Uruk adali Inanna, yemwe Ababulo ankamutcha Ishtar. Iye adali mwini chikondi, kubereka komanso nkhondo. Mwamuna wake adali Dumuzi, mbusa wa nkhosa, yemwe Ababulo ankati Tammuz. Nthano yawo imati Inanna adatsikira kudziko la akufa, ndipo kuti abwerere padafunika wina wolowa m'malo mwake. Tsokalo lidagwera Dumuzi, yemwe amakhala kumeneko theka la chaka, theka linalo n'kulandizana ndi mlongo wake Geshtinanna.

Umu ndi momwe ankafotokozera nyengo. Msipu ukauma ndipo nkhosa zikaleka kutulutsa mkaka, ankati Dumuzi wamwalira, ndipo amayi ankamulira maliro. Mwambowu udafika mpaka ku Yerusalemu: pa Ezekieli 8:14 mneneri akudandaula ataona amayi akulira Tammuz pachipata cha nyumba ya Mulungu. Mpaka lero ku Iraq mwezi wa July amautcha Tammuz.

Palinso nyimbo za Asumeri zosimba za mfumu ikulowa m'malo mwa Dumuzi n'kukwatira Inanna, kuti minda ibale ndi ziweto ziswane.

Amake a ana

Palibe ubale wa magazi pakati pa Asumeri ndi Achewa. Kufanana kwawo kukuchokera pa vuto limodzi: mlimi aliyense amadziwa kuti khasu lokha silikwanira ngati madzi palibe.

Kummwera kwa nyanja ya Malawi ulimi ngwakalekale. Katswiri wofukula zakale, Keith Robinson, adakumba ku Nkope, pakati pa Mangochi ndi Monkey Bay, ndipo zomwe adapeza adazisindikiza mu 1970. Mapale a miphika ndi zotsalira za ntchito yosula zitsulo zidaonetsa kuti kuderali kudali midzi zaka zoposa 1,500 zapitazo. Lero miphika ya mtundu umenewo, kulikonse komwe ipezeke, imatchedwa ya Nkope.

Kusiyana ndi Asumeri, makolo athu ankadalira mvula osati ngalande. Choncho akachisi awo adali a mvula. Achewa amati Chauta, yemwenso amatchedwa Chisumphi, adatsika ndi mvula pa Kaphirintiwa pamodzi ndi mwamuna, mkazi ndi nyama zonse. Kachisi wamkulu adadzakhazikika ku Msinja, kufupi ndi mapiri a Dzalanyama, ndipo woyang'anira wake adali mayi wa mfunda wa Banda wotchedwa Makewana, kutanthauza amake a ana.

Makewana sadali mulungu ngati Inanna. Adali munthu, koma ankatengedwa ngati mkazi wa Chauta, ndipo sankakwatiwa ndi munthu wamba. Sankameta tsitsi poopa kuti akatero mvula idulidwa. Ankatumikiridwa ndi amayi ndi atsikana otchedwa Matsano. Mthenga wa Chauta adali njoka yotchedwa Thunga, ndipo pamiyambo ina mkulu wa mfunda wa Mbewe wotchedwa Kamundi ankaimira njokayo n'kulowa m'nyumba mwa Makewana kuti dziko lilandire chonde. Nsembe zake zidali za zinthu zakuda, monga nsalu ndi ziweto, kufanizira mitambo ya mvula.

Kutsidya kwa nyanja kuchokera ku Nankumba, kufupi ndi Mtakataka m'boma la Dedza, kudali Mankhamba, likulu la ufumu wa Maravi. Kalonga, mfumu ya mfunda wa Phiri, ankatenga Mwali wa mfunda wa Banda, mwini kachisi wa mvula, kukhala mkazi wake wamkulu. Monga ku Sumeri, ufumu sunkaima pawokha popanda mayi wosunga chonde. Dr Yusuf Juwayeyi, yemwe adafukula malowa, adapezako mikanda yagalasi, mapale a mbale za ku China, mkuwa ndi minyanga ya njovu, umboni woti likululi linkachita malonda ndi maiko akutali.

Ku Nsanje kuli kachisi wa Mbona m'nkhalango ya Khulubvi, komwe mayi wotchedwa Salima amakhala ngati mkazi wa mzimuwo. Nazonso zojambula za pamiyala ku Chongoni ku Dedza, zomwe bungwe la Unesco lidazilemba m'kaundula wake mu 2006, zimakhudzana ndi mvula, kubereka ndi chinamwali.

Chomwe tingataye

Msinja adaphwasulidwa pankhondo za Angoni m'zaka za m'ma 1800. Chikhristu ndi Chisilamu zitafala, anthu ambiri a kunyanja adayamba kupempha mvula m'matchalitchi ndi m'mizikiti. Palibe akunena kuti tibwerere kwa Thunga. Koma akachisi aja adali ndi ntchito ina yomwe nthawi zambiri timaiwala: ankaika malire. Munkhalango ya kachisi simunkagwa nkhwangwa, ndipo moto wa tchire unkayatsidwa pa nthawi yake. Mitengo ya ku Khulubvi ikadalipo lero chifukwa cha mwambo umenewu, pomwe madera oyandikana nawo adayera.

Panyanja chitsanzo chili pachilumba cha Mbenji m'boma la Salima. Kuyambira m'zaka za m'ma 1950, mafumu a Makanjira akhala akutseka usodzi pachilumbapo m'nyengo ya mvula, n'kutsegula ndi mwambo wa nsembe. Nsomba zimapeza mpata woswana, ndipo asodzi amamvera.

Ku Chembe, mudzi wozunguliridwa ndi Lake Malawi National Park yomwe idakhazikitsidwa mu 1980, moyo ngwa usipa ndi utaka. Pamafunika nkhuni zophikira ndi zowambira nsomba, pomwe mitengo ili m'mapiri otetezedwa. Chilala cha 2024, chomwe chidachititsa boma kulengeza za ngozi yogwa mwadzidzidzi m'maboma 23, chidaonetsa kuti nkhawa ya Makewana ndi ya amayi olira Tammuz ikadali yathu.

Nkhani za Asumeri tikuzidziwa chifukwa adazidinda padongo. Zathu zambiri zili m'mitu mwa agogo, ndipo gogo akamwalira osafunsidwa amapita nazo kumanda. Mwala wa Mphini nawo sungamerenso pomwe wagumulidwa.