Wotsogolera akati "tibwerere," amamumvera ndani?

Mvula ikangosiya mu Epulo kapena Meyi, pa Likhubula, m'tsinde mwa phiri la Mulanje, sipakhala bata Loweruka m'mawa. Maminibasi ndi makosta ochokera ku Blantyre, ku Zomba, ena mpaka ku Lilongwe, amafika dzuwa lisanawombe bwino n'kukhuthula achinyamata ovala masikipa ofanana, wina atakolekera sipika paphewa. Kale phiri la Mulanje ankakwera ndi azungu, ocheka matabwa ndi amayi otola nkhuni. Lero ndi magulu a kuntchito, a kutchalitchi, a kukoleji ndi ena ongodziwana pa WhatsApp. Aliyense akufuna chithunzi ataimirira pa Sapitwa, pamamita 3,002, nsonga yoposa zonse m'Malawi muno. Chilowereni phirili m'kaundula wa malo ofunika a dziko lonse lapansi mu Julaye 2025, dzina lake lapita patali, ndipo palibe wodandaula. Mayi wogulitsa nthochi ndi nanazi pa Chitakale akupezapo ya sopo, wa kabaza nayenso chimodzimodzi.

Za amene amatsika atanyamulidwa sizifika pa Facebook.

Lamulungu lina m'mwezi wa Juni, dzuwa litapendeka, tinakumana ndi machira panjira yotsikira ku Likhubula. Tinayamba kumva mawu tisanaone anthu: kukuwizana, kuuzana poponda, kenako kubuula. Amuna asanu ndi mmodzi ananyamula mnyamata wa zaka zosapitirira 30 pamitengo iwiri yaiwisi, yomangidwa ndi luzi ndi malamba a zikwama, pakati atayalapo bulangete. Ena mwa onyamulawo anali ndi mapatapata, wina analibe nsapato n'komwe. Pamalo otsetsereka akutsogolo ankakweza mitengo pamwamba pa mitu yawo, akumbuyo n'kuyenda chonyonyomala, kuti wovulalayo asaterereke n'kugwera kutsogolo. Pomwe njira yapanikizika pakati pa miyala ankamutsitsa, n'kumupatsirana pamanja, n'kumubwezeranso pamachira kuseri kwake. Malaya awo anali atanyowa ndi thukuta ngakhale kunkawomba kamphepo kozizira.

Mnyamatayo anavala jinzi yomwe inali isanaumebe chinyowereni dzulo lake. Kuphazi lamanja kunali nsapato yoyera ya m'tauni, yapansi posalala. Inzake anaidula ndi mpeni kuti atulutse phazi, ndipo inkalendewera pachikwama cha mnzake amene ankabwera m'mbuyo ali duu. Kakolo anali atatupa mpaka kunyezimira, phazi litaloza kumbali kumene phazi sililoza. Anamumangirira timitengo tiwiri ndi chitenje. Milomo inali itatuwa. Akagwedezeka ankaluma kolala ya jekete lomwe wina anamubwereka, ndipo mmodzi wa onyamula ankangobwereza kuti, "Limbani mtima achimwene, tatsala pang'ono." Mnzake uja anatinong'oneza kuti mawu amenewa anayamba kuwamva m'bandakucha.

Nkhani yake tinaimva pamene anatula machira kuti apume. Gulu lawo linali la anthu oposa 20, wotsogolera mmodzi. Anagona kukanyumba ka Chisepo, m'munsi mwa Sapitwa, ndipo poti usiku unathera nyimbo ndi macheza, ananyamuka mochedwa. Atakwera ndithu, chifunga chinayamba kukwawa kuchokera kummwera. Wotsogolera anaima n'kunena kuti abwerere. Apa ndiye panabuka mkangano. Ena anati sanalipire ndalama zonsezo kuti akathere panjira, ena anati chifungacho chipita, ena anayamba kale kunjenjemera. Anataya nthawi ataimirira pamphepo, osapita kutsogolo, osabwerera, mpaka kamvula kanawapeza pomwepo. Mapanga awiri avumbwitsa. Pomaliza anyamata anayi anapitirira okha, kutsata zizindikiro zofiira zopakidwa pamiyala. Sanafike patali. Pathanthwe lina lonyowa, lomera ndere, mnzathuyu anaterereka n'kukatsakamira pakati pa miyala iwiri, mwendo utapindikira pansi pake. Amene anakamuzula pamenepo ndi wotsogolera yemwe uja, atatsitsa kaye enawo.

Anali ndi mwayi chifukwa anagona m'nyumba, pafupi ndi moto. Pa Mulanje chimene chimamaliza munthu nthawi zambiri si kugwa kokha, koma usiku wotsatira. Kuyambira Meyi mpaka Ogasiti kumabwera chiperoni, mtambo wozizira wa mvula yowaza wochokera ku Mozambique, ndipo ukakuta phiri umatha kukhala masiku angapo. Munthu akakwera mamita 1,000 kutentha kumatsika ndi madigiri pafupifupi 6, choncho amene wanyamuka pa Likhubula atavala sikipa yokha amakafika pamwamba ali m'nyengo ina. Zovala za thonje zikanyowa zimasunga madzi, mphepo n'kumachotsa kutentha m'thupi. Poyamba munthu amanjenjemera. Kenako zala zimakanika kugwira zipi, lilime limalemera, amapunthwa paliponse, ndipo nzeru zimasokonekera moti amayamba kusankha zolakwika ali ndi chikhulupiriro chonse kuti akuganiza bwino. Kunjenjemera kukasiya, tulo n'kubwera, zinthu zafika poipa. Kachasu kapena kabotolo kena kamene anyamata amabisa m'chikwama kuti "katenthetse thupi" kamangofulumizitsa zonsezi. Kumwambako kulibe msewu, kulibe ambulansi, ndipo netiweki imagwira pamalo ena okha. Chipatala chimayambira pamapewa a anthu.

Anthu a kuno sanaiwale za mtsikana wa ku Netherlands amene analowera yekha ku Sapitwa mu 2003 ndipo mpaka lero sanapezeke. Mu Julaye 2009 mnyamata wa ku Brazil wa zaka 28, wophunzira bwino za chuma, anasiya womutsogolera n'kupitirira yekha kunsonga. Thupi lake linapezeka kumayambiriro kwa Ogasiti, patatha pafupifupi masabata atatu, ndipo chinamupha ndi kuzizira. Nkhani yake inajambulidwa filimu yomwe inatuluka mu 2017. Kale kwambiri, mu 1949, mzungu wachinyamata woyang'anira nkhalango anakokoloka ndi madzi powoloka mtsinje wosefukira cha ku chigwa cha Ruo. Iyeyo phirili ankalidziwa.

Kuchokera pa imfa zimenezi, phunziro lomwe aliyense amabwereza ndi lakuti osakwera wopanda wotsogolera. N'zoona, ndipo magulu ambiri amamutenga. Koma mnyamata wa ku Brazil uja anali naye. Wa pamachira uja analinso naye. Mkangano weniweni, umene umamveka ukakhala pansi ndi otsogolera alendo ndi onyamula katundu pa Likhubula, ndi wakuti mawu omaliza ndi a ndani mtambo ukatsika.

Otsogolera amati ndi awo, ndipo safuna zokambirana. Mmodzi wa iwo, bambo wa imvi zoyamba kumene amene anayamba kunyamula zikwama ali mnyamata, anafotokoza kuti iye saona nyengo pafoni. Amaona mtundu wa mtambo umene wakhala pamapiri a kummwera, amamva mphepo ikatembenuka, amawerenga maola otsala dzuwa lisanalowe n'kuwayerekeza ndi miyendo ya munthu wofooka kwambiri m'gulu, osati wamphamvu. Kukwera Sapitwa kuchokera pa Chisepo ndi kubwerera kumadya tsiku, ndipo mbali yaikulu ndi yokwawa pamatanthwe ndi kudzipanikiza m'mipata ya miyala. Chifunga chikabwera, chizindikiro chofiira chotsatira sichioneka, ndipo miyala yonse imafanana. Anawonjeza kuti chichitikireni namondwe Freddy mu Malichi 2023, pamene nthaka inagumuka m'malo ambiri m'phirimu, pali malo ena amene mapu a pafoni amaonetsa njira pomwe lero pali chigwembe.

Okonza maulendo a achinyamata ali ndi mbali yawonso, ndipo si yopanda nzeru. Amati munthu wasunga ndalama miyezi ingapo, walipira galimoto, chakudya, malo ogona ndi wotsogolera, ndiye kumubweza chifukwa cha mtambo umene mwina ubalalika pakatha ola limodzi n'kumulanda. Amati si otsogolera onse ali ndi luso lofanana. Alipo amene amabweza gulu chifukwa atopa okha kapena akuthamangira gulu lina kumunsi. Ena amafika ponena kuti anthu akuluakulu ali ndi ufulu woika moyo wawo pachiswe ngati afuna, monga achitira okwera khoma la kumadzulo kwa Chambe, thanthwe la mamita pafupifupi 1,700 limene akatswiri a zingwe amachokera kutali kudzalimbana nalo.

Pamfundo yomalizayi mpamene pali bodza. Wokwera Chambe ndi zingwe amakhala ataphunzira zaka, amadziwa chimene chingamuphe, ndipo mnzake wa pachingwe anavomera yekha. Wa jinzi ndi nsapato zosalala sadziwa chimene akuvomera. Ndiponso moyo umene akuuika pachiswe si wake wokha. Akathyoka mwendo, amene amabwerera m'chifunga kukamufuna ndi wotsogolera uja anamunyoza, ndipo amene amathyola misana tsiku lonse ndi amuna asanu ndi mmodzi a mapatapata. Wina wa iwo akaterereka atasenza machira, ana ake adya chiyani?

Chovuta n'chakuti wotsogolera ndi waganyu wa munthu yemwe akufuna kumuletsayo. Malipiro a patsiku amagwirizana asananyamuke, koma kapamwamba kamene mlendo amapereka akasangalala, kuitanidwanso ulendo wina, ndi nambala yake kugawidwa m'magulu a pa WhatsApp, zonsezi zimabwera gulu likafika pansonga. Wobweza anthu amatchuka kuti ndi wamantha. Palinso za ulemu wathu womwewu. Mnyamata wa kumudzi amene sukulu analekeza ku pulayimale zimamuvuta kuuza bwana wa kuofesi, kapena abusa amene abwera ndi kwaya yawo, kuti basi apa sitipitirira. Amayamba ndi "bwana, mwina tikanaganiza zobwerera," ndipo bwana amamva ngati akufunsidwa maganizo. Azungu ambiri, anatero bambo wa imvi uja, amamvera msanga poti anawerenga za anzawo amene anafera kuno. Ovuta ndi ife eni dziko, chifukwa timati phiri ndi lathu.

Ena mwa otsogolera apeza njira yawo. Akaona kuti za nyengo sizikulowa, amatembenukira kwa eni phiri. Amakumbutsa gulu zimene aliyense anamva ali mwana: kuti kumwambako kuli mizimu, kuti ukapeza chakudya chokonzedwa kale udye osaitana mnzako, kuti wamwano ndi waphokoso amasochera. Akuti sipika imazimitsidwa nthawi yomweyo, ndipo omwe ankakuwa kuti tipitirire amayamba kuyang'anizana. Ngati otsogolerawo amakhulupirira zimenezi kapena ayi ndi nkhani ina. Alipo amene amakhulupirira ndi mtima wonse, ndipo sangaloze nsonga ndi chala mwachibwana. Chodabwitsa n'chakuti omaliza maphunziro a kuyunivesite amaopa mzimu kuposa madigiri a kuzizira amene anawaphunzira m'kalasi.

Okonza maulendo ena ayamba kuchita chinthu chosavuta: asanakwere galimoto amauza gulu kuti wotsogolera akati tibwerere ndiye kuti tabwerera, ndalama sibwezedwa, ndipo wosagwirizana nazo atsale. Amamulipiriratu zonse pansi pa phiri kuti asakhale ndi choyembekezera pansonga. Amatenganso otsogolera awiri kapena atatu gulu likakhala lalikulu, wina kutsogolo wina kumbuyo. Otsutsa amati zikukweza mtengo wa ulendo ndipo achinyamata osapeza bwino atsalira. Zikukwezadi. Koma abale a mnyamata wa pamachira uja analipira amuna asanu ndi mmodzi, galimoto yopita kuchipatala, ndi miyezi ya ndodo zoyendera.

Si ngozi zonse zili kumwamba. Pa Dziwe la Nkhalamba, ulendo wa ola limodzi kuchokera pa Likhubula, anthu amirapo, ndipo nthawi zambiri amakhala oti anabwera kudzangosangalala. Madzi ake ndi ozizira moti wodumphiramo thupi lili lotentha amabanika, ndipo pansi pali miyala yosaoneka. M'nyengo ya dzinja mvula imatha kugwa kumtunda kumunsi kuli dzuwa, mtsinje n'kudzaza mwadzidzidzi anthu akujambulana pamiyala.

Nawonso mpikisano wa onyamula katundu, umene umachitika m'nyengo yozizira, umasocheretsa maganizo a ambiri. Othamanga amanyamuka pa Likhubula, kukwera ku Chambe, kudutsa ku Lichenya n'kutsikanso, makilomita opitirira 20, ndipo opambana amamaliza m'maola awiri ndi mphindi zowerengeka. Woonerera wa m'tauni akaona munthu akutsika thanthwe chothamanga atavala nsapato zapulasitiki amati ndiye kuti n'zophweka. Saona zaka zimene mapazi amenewo akhala akuponda njira yomweyo atasenza thabwa pamutu.

Pamene machira aja ankafika kumunsi kunali kutada, ndipo ogulitsa ziboliboli anali akulongedza. Pakati pa katundu wawo pamakhala ndodo zosema bwino, zina zolembedwa mayina a nsonga za phirili. Ndodo yotere imathandiza kwambiri potsetsereka ndi powoloka mitsinje. Wogulitsa wina anati m'mawa anthu amangomudutsa, akuthamangira kukwera. Malonda ake amayenda madzulo, pamene akutsika akutsimphina, aliyense akufuna yolembedwa kuti Sapitwa yokapachika pabalaza, ndipo ambiri ogula amakhala oti anathera pa Chambe.